GLIGORIĆ, KATSWIRI WA CHESI AMENE SANALI KUDANA NDI MDANI WACE

Pa masewera onse amene anthu amasewera ali cikhalire, chesi ndiwo afanana kwambiri ndi nkhondo. Anthu awiri akhala moyang'anizana, pakati pao pali thabwa la zipinda 64, zoyera ndi zakuda, ndipo ali yense ali ndi tiziboliboli 16: mfumu, mfumukazi, nsanja ziwiri, mabishopu awiri, akavalo awiri ndi asilikari 8. Amasuntha molandizana monga acitira anthu a nsolo, koma pano kaciboliboli kali konse kali ndi kayendedwe kace-kace, ndipo wopambana ndiye amene atsekereza mfumu ya mnzace kuti isowe kothawira. M'masewera amenewa mulibe mwai. Munthu akagonja sangathe kunamizira mphepo kapena kuipa kwa bwalo. Nzeru zace ndizo zacepa tsiku limenelo. Ici ndico cifukwa cace akatswiri ambiri a chesi ali anthu a mtima wapacala, ndipo ena a iwo anadziwika kuti sanali kusewera bwino ngati sanayambe aipidwa ndi munthu wokhala patsogolo pao.

Svetozar Gligorić wa ku Serbia sanali wotero. Iye anaiona nkhondo yeni-yeni ndi maso ace ali mnyamata, ndipo atabwerera ku thabwa la chesi sanafunenso kudana ndi munthu. Buku limene analemba la moyo wace ndi masewera ace analicha dzina lotanthauza kuti iye amalimbana ndi tiziboliboli, si munthu ai. Ndi mtima umenewu anasewera zaka zoposa 50, ndipo pa zaka za m'ma 1950 ndi 1960 anali mmodzi wa anthu owerengeka okha a kunja kwa Soviet Union amene akatswiri a dziko limenelo anali kuwaopa.

Iye anabadwa pa 2 February, 1923, mu mzinda wa Belgrade. Lero mzindawu ndi likulu la Serbia, koma masiku amenewo unali likulu la dziko lalikulu limene pambuyo pace linachedwa Yugoslavia, dziko lija limene mtsogoleri wace, Marshal Tito, anafika ku Lusaka pa msonkhano waukulu wa maiko m'caka ca 1970. Banja la Gligorić linali losauka, ndipo atate ace anamwalira iye akali mwana. Mai ace anali kulandira alendo olipira cipinda kuti apezeko ndalama, ndipo mmodzi wa alendowo ndiye anasonyeza mnyamatayo kayendedwe ka tiziboliboli, ali ndi zaka ngati 11. Ndalama zogulira thabwa panalibe. Tsono mnyamatayo anatola zotsekera mabotolo a vinyo, nazisema ndi mpeni kufikira anapanga mfumu, akavalo ndi asilikari ace-ace.

Anakula msanga m'masewerawo. M'caka ca 1938, ali ndi zaka 15, anapambana onse a m'kalabu ya chesi ya Belgrade, ndipo caka cotsatira anapatsidwa dzina la master. Koma m'caka ca 1940 mai ace anamwaliranso, iye nakhala mwana wamasiye wopanda pogwira. Dotolo Niko Miljanić, mphunzitsi wa zamankhwala pa sukulu yaikulu ya Belgrade, amene analinso wokonda chesi, anamtenga kukhala naye m'nyumba mwace monga mwana wace. M'mwezi wa April, 1941, ndeke za Ajeremani zinaponya mabomba pa Belgrade, ndipo banjalo linathawira ku mapiri a Montenegro. Kumeneko, m'caka ca 1943, Gligorić analowa m'gulu la ankhondo a Tito amene anali kulimbana ndi adani m'mapiri ndi m'nkhalango. Nkhondo inatha iye ali kapitao. Zaka zimene mnyamata wa chesi ayenera kukhala akunola nzeru zace, iye anazithera atasenza mfuti.

Ngakhale zinali tero, dziko linamdziwa mosacedwa. M'caka ca 1947 kunacitika mpikisano ku Warsaw, ndipo mnyamata wa ku Belgrade anakhala woyamba, kusiya m'mbuyo Vasily Smyslov ndi Isaac Boleslavsky, akatswiri awiri ochuka a ku Soviet Union. Smyslov ameneyu ndiye anadzakhala ngwazi ya dziko lonse patapita zaka 10. M'caka comweco Gligorić anagawana ndi mnzace malo oyamba pa mpikisano wa Yugoslavia yense, ulemu umene anadzaulandira nthawi zambiri. Bungwe loyang'anira chesi pa dziko lonse, lochedwa FIDE, linampatsa dzina la grandmaster m'caka ca 1951. Dzina limeneli ndilo lalikulu koposa onse kupatula la ngwazi ya dziko lonse, ndipo munthu akalilandira akhala nalo moyo wace wonse. Masiku amenewo okhala nalo anali ocepa ndithu, pakuti pamene bungwelo linayamba kulipereka m'caka ca 1950 linasankha anthu 27 okha. Munthu woyamba wa m'Zambia kufika pa msinkhu umenewu ndiye Amon Simutowe, m'caka ca 2009.

Kuti omvera azindikire kukula kwa zimene Gligorić anacita, ayenera kudziwa mmene zinthu zinaliri pa chesi itatha nkhondo. Boma la Soviet Union linatenga masewerawa ngati nchito ya boma. Ana anzeru anali kusankhidwa akali ang'ono, napatsidwa aphunzitsi. Akatswiri anali kulandira malipiro mwezi ndi mwezi kuti asacite kanthu kena koma chesi. Ndipo popita ku mpikisano anali kupita ndi owathandiza. Zipatso zace zinaoneka. Kuyambira 1948 kufikira 1972 ngwazi ya dziko lonse inali kucokera ku Soviet Union kokha-kokha. Gligorić analibe zonsezo. Iye anali kudya thukuta la nchito ya utola-nkhani, kulemba m'manyuzipepa ndi kugwira nchito ku Radio Belgrade, ndipo nthawi zambiri pa mpikisano, anzace akamapumula, iye anali kutumiza nkhani kwao za mpikisano womwewo umene anali kuseweramo.

Zaka ziwiri ziri zonse maiko amatumiza magulu ao ku mpikisano wochedwa Olympiad, ndipo katswiri woposa anzace m'gulu ndiye akhala pa thabwa loyamba, kukomana ndi akatswiri oposa a maiko ena. Olympiad woyamba itatha nkhondo anacitikira ku Dubrovnik, m'Yugoslavia momwemo, m'caka ca 1950. Gligorić anakhala pa thabwa loyamba, ndipo gulu lace linatenga mendulo ya golidi, Argentina nakhala waciwiri. Nkoyenera kunena poyera kuti a ku Soviet Union sanabwere ku Dubrovnik, popeza Stalin ndi Tito anali atadana kuyambira 1948. Iwo atalowa mu mpikisanowu m'caka ca 1952 anapambana nthawi zonse kufikira 1974, ndipo maiko ena anangotsala akulimbirana malo aciwiri. Pa kulimbirana kumeneku Yugoslavia sanali kucokapo. Gligorić anaimira dziko lace pa Olympiad nthawi 15, kuyambira 1950 kufikira 1982, nabwera nazo kwao mendulo 12 za gulu: imodzi ya golidi, 6 za siliva ndi 5 za mkuwa.

Pali cinthu cimodzi cimene dzina lace silidzaiwalika naco ngakhale mendulo zonsezo zitacita dzimbiri, ndico njira yoyambira masewera imene iye anaionetsa ku Mar del Plata, mzinda wa m'mbali mwa nyanja ku Argentina, m'caka ca 1953. Pa chesi, kusuntha koyamba 10 kapena 15 kuli ngati kuika maziko a nyumba, ndipo akatswiri amaphunzira njira zimenezi usana ndi usiku. Pali njira ina yochedwa King's Indian, imene mwini tiziboliboli takuda alola mnzace kutenga pakati pa thabwa, iye nabisa mfumu yace pa ngondya. Akale anali kuphunzitsa kuti asilikari oima patsogolo pa mfumu sayenera kusunthidwa wamba, pakuti ndiwo mpanda wace. Gligorić anaona kuti asilikari a mbali zonse ziwiri akakolana pakati pa thabwa, kotero kuti palibe angapyole, mpanda uja ulibenso nchito yaikulu. Tsono anatenga asilikari omwewo a patsogolo pa mfumu yace nawatumiza mmodzi-mmodzi kukagumula mudzi wa mfumu yoyera, akavalo ndi nsanja zikutsata pambuyo. Pamene iye acita izi, mdani ali kufunkha mbali yina ya thabwa popanda womletsa. Masewera asanduka liwiro. Woyera akudya cuma, wakuda akufuna mutu wa mfumu, ndipo wocedwa ndi kusuntha kumodzi kokha ndiye wafa.

Amene anayamba kulawa mkwapulo umenewu ndi Miguel Najdorf, katswiri wamkulu wa Argentina, pamaso pa anthu a kwao. Gligorić anamgonjetsa, natenganso malo oyamba pa mpikisano wonsewo. Najdorf anali munthu wocenjera. Patapita miyezi yowerengeka, ku Zurich, iye anatenga njira yomweyo imene anagonja nayo, nakanthira Mark Taimanov wa ku Soviet Union m'masewera amene akali kuphunziridwa kufikira lero. Njirayo inachedwa Mar del Plata. Kunena zoona ikadayenera kuchedwa dzina la mwini wace, koma dzina la mzinda ndilo linakhazikika; dzina la Gligorić linapatsidwa kwa njira zina za m'King's Indian, m'Nimzo-Indian ndi m'Ruy Lopez. Pambuyo pace Bobby Fischer ndi Garry Kasparov anapambana masewera ambiri ndi King's Indian. Ncodabwitsa kuti munthu wofatsa cotere ndiye anapatsa dziko imodzi ya njira zoopsa koposa zonse za pa chesi.

Caka cace cacikulu cinali 1958. Pa chesi wopambana alandira pointi imodzi, wogonja salandira kanthu, ndipo akalingana mphamvu agawana theka-theka. Ku Portorož kunasonkhana akatswiri 21 ofuna njira ya ku ungwazi wa dziko lonse. Mikhail Tal wa ku Riga anapeza mapointi 13 ndi theka, Gligorić 13, ena onse m'mbuyo. Atangocoka kumeneko anapita ku Olympiad ya ku Munich, kumene anapeza mapointi 12 pa masewera 15, naposa onse a pa thabwa loyamba, pamodzi ndi Mikhail Botvinnik amene anali ngwazi ya dziko lonse pa nthawiyo. Kwao anamsankha kukhala wamasewera woposa onse wa caka cimeneco, kusiya othamanga ndi a mpira. M'Yugoslavia wa masiku amenewo anthu anali kudzaza nyumba zazikulu kudzaonerera amuna awiri akuganiza cete, ndipo osowa malo anali kuima pa msewu kuyang'ana thabwa lalikulu lopacikidwa kunja. Anthu anali kumucha Gliga, monga achula mwana wa pakhomo.

Ku Portorož komweko kunabwera mnyamata wa zaka 15 wa ku America, wamtali, wosakhulupirira munthu, dzina lace Bobby Fischer. Gligorić anali wamkulu kwa iye ndi zaka 20, koma anamlandira bwino, ndipo ubwenzi wao unakhala zaka zambiri, cinthu cimene anthu ocepa kwambiri anacikhoza ndi Fischer. Pa thabwa sanalekererane. Gligorić anagonjetsa Fischer nthawi 4, ngakhale kuti Fischer atakula anabwezera koposa pamenepo. Anagonjetsanso Max Euwe, Botvinnik, Smyslov, Tal ndi Tigran Petrosian, onsewo anthu amene pa nthawi yina anakhala ngwazi za dziko lonse. Petrosian anali wodziwika kuti sagwidwa wamba, koma m'caka ca 1970, pa mpikisano wa Rovinj ndi Zagreb, Gligorić anapereka kavalo wace dala kuti atsegule njira, namgonjetsa ndi King's Indian yomwe ija. Ku Hastings, m'England, kumene kumacitika mpikisano pa nyengo ya Krisimasi, anakhala woyamba nthawi 5, kawiri mogawana ndi wina.

Nanga bwanji munthu wotere sanakhale ngwazi ya dziko lonse? Njira yace ndi yopapatiza. Opambana pa mipikisano ya zigawo amakomana, otsala nalimbana okha-okha, ndipo mmodzi yekha ndiye aloledwa kukomana ndi ngwazi. Gligorić anafika pa khomo lomaliza limeneli katatu. Ku Zurich m'caka ca 1953 anakhala wa nambala 13 mwa anthu 15. M'caka ca 1959 mpikisanowo unacitikira kwao, ku Bled, Zagreb ndi Belgrade, ndipo mwa anthu 8 anai anali a ku Soviet Union: Tal, Paul Keres, Petrosian ndi Smyslov. Anaiwo anatenga malo anai oyamba, Gligorić ndi Fischer nagawana malo otsatira. Cithunzi ca zaka zonsezo ndi cimeneci.

Kacitatu kanali kowawa koposa. M'caka ca 1968 anakomana ndi Tal awiri okha, ku Belgrade, pa masewera amene anayenera kukhala 10. Gligorić anapambana masewera oyamba, ndipo anai otsatira analingana mphamvu. Theka la ulendo linali litatha iye ali patsogolo, mzinda wonse ukuyembekeza. Koma kusewerera pakhomo kuli ndi msampha wace. Mabwenzi anali kufika kosalekeza, ndipo manyuzipepa anali kudandaula kuti iye angobwereza njira imodzi-modzi yoyambira. Monga iye mwini anafotokozera pambuyo pace, anawerenga mau amenewo, nawasunga mumtima, ndipo pa masewera acisanu ndi cimodzi anasiya njira imene anakonzekera natenga yina. Anagonja. Anagonjanso otsatira, ndipo Tal anatsiriza nkhaniyo pa masewera a nambala 9, ndi mapointi 5 ndi theka kwa 3 ndi theka. Munthu amene anaphunzira kusayang'ana nkhope ya mdani anagwa cifukwa ca kumvera mau a oonerera, ndiponso a atola-nkhani anzace. Pa nthawiyo anali ndi zaka 45, ndipo khomo limenelo silinamtsegukirenso.

Mpikisano wa anthu ambiri ndi kulimbana kwa anthu awiri nzosiyana. Pa woyambawo munthu akomana ndi nkhope yatsopano tsiku liri lonse, ndipo wosewera bwino ndiye apambana. Pa kwaciwiriko akhala ndi munthu mmodzi milungu yathunthu, kufuna-funa pamene mtima wace uli wofooka ndi kubaya pomwepo kawiri-kawiri. Nchito imeneyi ifuna kaukali kena kamene Gligorić analibe, kapena kamene anakasiya dala m'mapiri a Montenegro.

Koma khalidwe lomwelo linamsandutsa munthu wokhulupirika kwa onse, pa nthawi imene maiko a kum'mawa ndi a kumadzulo kwa Ulaya sanali kumwerana madzi. Dziko lace linaima pakati pa mbali ziwirizo, ndipo iye anali kulankhula zinenero zingapo, pamodzi ndi Cingelezi ndi Cirasha. M'caka ca 1970 Belgrade analandira mpikisano wa Soviet Union yekha kulimbana ndi akatswiri a maiko ena onse pamodzi, ndipo Gligorić anakhala pa thabwa lacisanu la gulu la maikowo. M'caka ca 1972, pamene Fischer analanda ungwazi kwa Boris Spassky ku Reykjavik, m'Iceland, Gligorić anali komweko monga mtola-nkhani, ndipo buku limene analemba la masewerawo linamasuliridwa m'zinenero zambiri, nkugulidwa ndi anthu zikwi mazana. Kwa zaka zambiri analembanso m'magazini a chesi a ku America, kumasulira masewera amodzi osankhika mwezi uli wonse.

M'caka ca 1978, ku Buenos Aires, anaima pa cisankho ca mtsogoleri wa FIDE, koma anagwa pa kuponya koyamba cifukwa ca kucepekedwa voti imodzi, ndipo mpando unapita kwa Friðrik Ólafsson wa ku Iceland. Pambuyo pace anapatsidwa nchito yobvuta koposa zonse za moyo wace, ya woweruza wamkulu pa kulimbana kwa Anatoly Karpov ndi Garry Kasparov ku Moscow. Lamulo linali lakuti woyamba kupambana masewera 6 ndiye ngwazi, kulingana mphamvu osawerengedwa. Anayamba m'September, 1984. Karpov anafika pa 5 mnzace alibe kanthu, koma kotsalako kanamkanika. Kasparov anayamba kubweza, nafika pa 3. Atatha masewera 48, mwa amenewo 40 olingana mphamvu, mtsogoleri wa FIDE, Florencio Campomanes, anaimitsa zonse pa 15 February, 1985, popanda wopambana. Panabuka mkangano waukulu, ndipo matope ace anagwerako ndi woweruza yemwe. Pamene bungwelo linamsankhanso kuti aweruze kulimbana kwaciwiri m'caka comweco, Gligorić anakana.

Ukalamba wace unafika pamodzi ndi kupasuka kwa dziko lace. Kuyambira 1991 Yugoslavia anagawanika ndi nkhondo, ndipo mizinda imene iye anapezeramo ulemu, Dubrovnik, Bled, Portorož ndi Zagreb, inakhala ya maiko ena. M'caka ca 1992 Fischer, amene anakhala zaka 20 wosasewera poyera, anatulukira kudzakomananso ndi Spassky ku Sveti Stefan ndi ku Belgrade, ndipo munthu amene anamkhulupirira kuti ayesere naye masewera mseri asanayambe anali Gligorić. Fischer anali atayamba kunena kuti chesi yaonongeka ndi kuloweza njira zoyambira, nafuna kuti tiziboliboli ta mzere wam'mbuyo tiziikidwa mosakaniza masewera asanayambe. Gligorić, amene moyo wace wonse anaupereka pa kufufuza njira zoyambira zomwezo, sananyoze maganizowo ai. M'caka ca 2002 anatulutsa buku lofotokoza masewera atsopanowo.

Atapitirira zaka 80 anaika thabwa pambali natembenukira ku cinthu cimene umphawi ndi nkhondo zinammana ali mwana, ndico nyimbo. Anakhala pansi monga mwana wa sukulu kuphunzira piyano ndi kapekedwe ka nyimbo, ndipo m'caka ca 2011, ali ndi zaka 88, anatulutsa cimbale ca nyimbo zopeka yekha, zina za jazz, zina za blues, cimene dzina lace linali kunena za mmene iye anapulumukira zaka za m'ma 1900. Anamwalira ku Belgrade pa 14 August, 2012, atagwidwa ndi nthenda yofa ziwalo, ali ndi zaka 89. Anaikidwa m'manda a Novo Groblje, m'cigawo cimene anthu a mzindawo amaikamo akulu-akulu a dziko lao.